Tsiku Lomwe Dalaivala Anakana Kuyamba

Pulani yonse inabadwa Lamlungu masana, kuseri kwa malo omwera mowa, pa tebulo la miyendo itatu lomwe mwendo wake wachinayi unali kileti ya mabotolo. Amuna atatu analizungulira tebulolo, ndipo pofika botolo lachinayi aliyense wa iwo anali atasanduka munthu wanzeru kuposa mmene mayi ake anamuberekera.

Woyankhula kwambiri anali a Tcheya, bambo wamfupi wa jekete lomwe silinkachoka pathupi ngakhale dzuwa liswe mtengo. Palibe amene anawasankha kukhala tcheya. Anangodzuka tsiku lina n'kuyamba kuyankha dzinalo. Kumanja kwawo kunali mlamu wawo, Chitseko, dalaivala wa gululo, chimunthu chotambalala mapewa chomwe chikaima pakhomo m'nyumba mumada. Wachitatu anali Injiniya. Iyeyu anaphunzirako za makompyuta miyezi isanu ndi iwiri, sukuluyo n'kutsekedwa asanalandire pepala lililonse, ndipo kuyambira pamenepo ankakonza mafoni pa khonde la sitolo ya munthu wina, akudandaula kuti dziko silikumudziwa.

Nkhani inawasonkhanitsa inali ya filiji. Masabata awiri m'mbuyomo, atatuwa analowa m'sitolo ya zamagetsi atavala maovolosi abuluu, nanyamula filiji yaikulu ya zitseko ziwiri, nauza wogulitsa kuti akupita nayo kukakonza. Wogulitsayo anawatsegulira yekha chitseko. Potuluka, Chitseko anaona kamera pamwamba, nabwerera kukachipinda ka kuseri, nakaphwanya makina osungira zithunzi ndi sipanala. Onse anagona tulo tabwino.

Tsopano mlonda wa sitolo ija, yemwe ankamweranso pamalo omwewo, anali atawatsina khutu a Tcheya mosadziwa. Makina aja anaphwanyikadi, koma disiki ya mkati mwake inapulumuka. Apolisi anaipereka ku ofesi ina ya pamwamba pa sitolo ya mankhwala, kwa mayi wina amene ntchito yake inali kuyankhulitsa makompyuta akufa kuti akachitire umboni kukhothi.

A Tcheya anaika zotsekera za mabotolo zitatu patebulo n'kuyamba kuzisuntha ngati akulamula nkhondo. Lachiwiri, nthawi ya nkhomaliro, anthu akatuluka kukadya. Maovolosi omwe aja, popeza anali atagwira kale ntchito kamodzi osakhumudwitsa. Akauza mayiyo kuti abwera kudzayendera mawaya. Injiniya akaloza disikiyo ndi diso, iwo akaiponya m'thumba, Chitseko akadikira pansi injini ili chilirire.

"Mphindi zisanu, anyamata," anatero a Tcheya. "Yachisanu ndi chimodzi tikhala tikumwa pano."

Injiniya anafuna kufunsa kuti bwanji osavala zina, koma botolo lachisanu linafika, funsolo n'kumira. Anakumbukiranso mawu a mkazi wake, amene anamuuza momveka bwino kuti tsiku lomwe adzamve kuti ali m'chitokosi, adzapakira ana ndi mapoto omwe n'kubwerera kwa makolo ake. Ndiye disikiyo inayenera kusowa basi. Anagundanitsa mabotolo, Chitseko n'kuswa lake ndi chimwemwe.

Lachiwiri linafika ndi kutentha kwake. A Tcheya ndi Injiniya anakwera masitepe, a Tcheya patsogolo atavala ovolosi pamwamba pa jekete, thukuta likuyenda ngati mpopi wosatseka. Injiniya ananyamula chikwama cha zida momwe munali sikuludiraiva imodzi ndi mswachi wakale. Chitseko cha ofesiyo chinali cha mtundu wotsegula ndi khadi, koma tsikulo chinali chotsegula, chitatsamizidwa ndi botolo lofiira lozimitsira moto kuti mphepo izilowa.

Mkatimo munali mozizirirapo, mwaukhondo ngati kuchipatala. Mashelefu odzaza ndi timatumba ta pulasitiki tomata, kalikonse ndi nambala yake. Matebulo awiri aatali. Ndipo pakona panali kompyuta yomwe inamuumitsa Injiniya pakamwa: chimphona chakuda cha masikilini atatu, chikupuma pang'onopang'ono ngati ng'ombe yokhuta. Moyo wake wonse anali asanaimepo pafupi ndi chinthu chotere.

Patsogolo pa kompyutayo panakhala mayi wa zaka za m'ma makumi anayi, magalasi ali pamutu, nsapato zitavulidwa pansi pa tebulo, pambali pali kapu ya tiyi wozizira kale. Sanapite kukadya. Anawayang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, kenako n'kupuma mpweya wautali.

"Mwafika tsopano? Ndakhala ndikuimbira kukampani kwanu kuyambira dzulo m'mawa."

A Tcheya sanali munthu wotaya mwayi wogwa wokha kuchokera kumwamba. Anapepesa mwaulemu wonse, nanena za kuchuluka kwa ntchito, namuloza Injiniya kuti ameneyu ndiye katswiri wawo wamkulu, amene amamutumiza pokhapokha zinthu zikafika posauzana. Injiniya anamva mawuwo akutsika mpaka m'mimba ngati tiyi wa mkaka. Anadziwa kuti ndi bodza, komabe anawongola msana.

Mayiyo anatembenukira ku sikilini nanena kuti vuto lake ndi limodzi: dalaivala wakana kuyamba.

A Tcheya anasintha nkhope. Anayenda cham'mbali ngati nkhanu mpaka pawindo n'kusuzumira pansi. Galimoto inali pomwepo, utsi ukutuluka, Chitseko akudya nthochi mkono uli panja. Anabwerera n'kumukoka Injiniya ovolosi, namunong'oneza kuti mayiyu ndi wamatsenga, wadziwa bwanji kuti pansi pali dalaivala, ndipo bwanji akumunamizira pomwe injini ikulira bwinobwino.

Injiniya anawanong'oneza kuti akhazike mtima pansi. Dalaivala wa m'kompyuta si munthu. Ndi kapulogalamu kakang'ono komwe kamakhala pakati pa pulogalamu yaikulu ndi disiki, ngati womasulira pakati pa anthu awiri osamvana chiyankhulo. Kakapanda kudzuka, pulogalamu imangoyang'ana disiki ngati mbuzi yoyang'ana nyuzipepala. A Tcheya anagwedeza mutu ngati amva, koma anapitanso pawindo kukatsimikiza.

Mayiyo anafotokoza mwachidule. Ntchito yake inali kutenga kope la disiki ya umboni, kope lenileni losasiya ngakhale kadontho, kuti azifufuza pa kopelo, disiki yeniyeniyo n'kuitsekera. Koma kuyambira Lolemba, akangodina batani loyambira, pulogalamu yokoperayo inkatulutsa uthenga wachingerezi wonena kuti dalaivala walephera kuyamba, n'kuima pomwepo. Apolisi ankafuna zotsatira Lachitatu. Analoza disikiyo: kanthu kofumbira, kopindika pakona pomwe sipanala inadutsa, kolumikizidwa ku kabokosi kakang'ono ka nyali yachikasu.

Injiniya anaiona. Inali pomwepo, mkono umodzi kuchokera pamene anaima. Ntchito yake yonse inali kuiloza ndi diso. Koma diso lake linali litapita kale pa uthenga uja, ndipo zala zinayamba kumuyabwa.

Asanagwire kambewa ka kompyutayo, mayiyo anamutchinga ndi dzanja. Lamulo la m'chipindamo linali lakuti palibe mlendo wokhudza makina. Iye azinena, mayiyo azidina. Choncho Injiniya anaima kumbuyo kwa mpando, manja kumsana ngati mphunzitsi woyang'anira mayeso, natsokomola pang'ono.

Anayamba ndi funso la akatswiri onse a padziko lapansi: kodi anayesapo kuizimitsa n'kuiyatsanso? Mayiyo anatsitsa magalasi kuchoka pamutu, nawavala, namuyang'ana nawo. Injiniya anamva manyazi mpaka kumapazi, nafulumira kupita pa funso lachiwiri. Anamuuza kuti atsegule pulogalamuyo ndi mphamvu za mwini makina, chifukwa dalaivala sadzutsidwa ndi munthu wamba. Mayiyo anadina. Uthenga womwe uja unatulukanso, osasintha ngakhale chilembo. Injiniya anaganizira pulogalamu yolondera mavairasi, kuti mwina yamugwira dalaivalayo n'kumutsekera pomuyesa wakuba. Anatsegula kundende kwake, napeza kuli mbee.

Kumbuyo kwawo a Tcheya ankatsokomola chifuwa chabodza. Mphindi zisanu zija zinali zitakwana kanayi. Ankaphethira, ankaloza chitseko ndi mlomo, ankaponda pansi. Injiniya anawakweza chala chimodzi osatembenuka, kutanthauza kuti adikire, ndipo aka kanali koyamba m'moyo wake kuwakwezera chala a Tcheya.

Kenako anakumbukira chinthu chimodzi cha m'mwezi wachisanu ndi chiwiri wa sukulu yake ija: kompyuta ili ndi buku lomwe imalembamo madandaulo ake onse, ngakhale amene sikuuzani pamaso. Anamuuza mayiyo potsegula. Mizere inatsika yambirimbiri, yofiira ndi yachikasu. Injiniya anawerama, mphuno pafupi ndi sikilini, milomo ikuyenda. Pamzere wina anaima. Anafunsa kuti pulogalamuyi inagwira ntchito komaliza liti. Mayiyo anati Lachisanu, ndipo tsiku lomwelo asanaweruke anaikamo mtundu watsopano wa pulogalamuyo pamwamba pa wakale.

Injiniya anaomba m'manja kamodzi. Anakondwa ngati mwana amene wapeza dzira m'tchire. Analankhula mokweza kuposa mmene ankafunira.

"Ndamugwira, mayi. Vuto ndi dalaivala wakaleyu. Ntchito sakuitha, koma pampando sakuchoka. Wangodzaza malo, watsopano akusowa pokhala. Timuchotse ameneyu, tiike wina."

A Tcheya, pofuna kuti zithe msanga, anavomereza ndi mtima wonse. "Mchotseni basi. Ine ndakhala ndikuona kalekale kuti ameneyo ndi katundu chabe."

M'chipindamo munada pang'ono. Injiniya anatembenuka. Pakhomo panaima Chitseko, khoko la nthochi lili m'manja. Anali atatopa kudikira, nakwera kudzafunsa kuti chimbudzi chili kuti, ndipo anafika pa nthawi yake yeniyeni.

"Zaka zisanu ndi ziwiri, alamu," anatero ndi mawu otsika. "Zaka zisanu ndi ziwiri ndikukuyendetsani. Mchemwali wanga ndinakupatsani ndi manja awiri. Lero ndine katundu."

A Tcheya anatsegula pakamwa, koma akanafotokoza bwanji pamaso pa mayiyo? Chitseko anaika khoko la nthochi lija pa shelefu mwaulemu, natembenuka, natsika masitepe nyumba yonse ikugwedezeka. Patapita kamphindi anamva galimoto ikuchoka, matayala akulira.

Mayiyo anafunsa kuti ameneyo ndi ndani. A Tcheya anati ndi wantchito wawo wina amene ali ndi mavuto a m'banja. Mayiyo anagwedeza mutu momvetsa. Anayang'ana foni yake, nalembapo timawu, kenako anadzuka osavala nsapato, nasuntha botolo lofiira lija ndi phazi. Anati mphepo ikulowetsa fumbi. Chitseko cha ofesi chinadzitseka chokha, n'kumveka kaphokoso kakang'ono ka loko.

Injiniya sanakamve kaphokosoko. Anali kalikiliki kulamula. Anamuuza mayiyo kuti atsegule kawindo kakuda kolembamo malamulo, namutchulira chilembo chimodzichimodzi: choyamba kumuimitsa dalaivala wakaleyo, kenako kumufufuta m'kaundula. Kompyuta inayankha kuti yamulemba kuti achoke, koma achoka pokhapokha ikazimitsidwa. Apa Injiniya anamuyang'ana mayiyo ndi nkhope ya munthu amene chilungamo chamupeza, nanena kuti tsopano, mwaulemu wonse, aizimitse n'kuiyatsanso. Mayiyo anaseka pang'ono kwa nthawi yoyamba.

Masikilini atatu aja anada. Chimphona chija chinaleka kupuma. Injiniya anapemphera pemphero lomwe sanapempherepo ngakhale tsiku la filiji. Kenako nyali zinabwerera, mayiyo anaikamonso pulogalamu ija mwatsopano ndi mphamvu za mwini makina, naitsegula, nadina batani loyambira.

Uthenga uja sunabwere. M'malo mwake panatuluka kamzere kobiriwira konena kuti dalaivala wayamba, ndipo pansi pake dzina la disiki yofumbira ija linaonekera.

Injiniya anavina. Sanafune, koma miyendo inayamba yokha. Anazungulira kawiri pakati pa matebulo, chikwama cha zida chikulira ndi sikuludiraiva yake imodzi, nakawakumbatira a Tcheya amene anauma ngati mtengo. Powakumbatira anamva chinthu cholimba, cha makona anayi, chili pamimba pawo mkati mwa ovolosi.

Mayiyo anali akusuntha mapepala patebulo lachiwiri. Pulogalamu inkafunsa komwe iike kopelo, ndipo iye anali atakonzeratu disiki yatsopano, yopanda kanthu, yonyezimira, n'kuiika pomwepo m'mawa. Tsopano sinkaoneka. Anayang'ana pansi pa tebulo. Anayang'ana m'dirowa.

Injiniya anawayang'ana a Tcheya. A Tcheya anamutsinzinira diso monyadira, n'kusisita pamimba. Iwo anali atasankha disiki yokongola kwambiri m'chipindamo, poganiza kuti umboni wofunika chonchi sungakhale m'kanthu kofumbira.

Munthu wanzeru akanangokhala chete. Popanda disiki yatsopanoyo kope silikanatheka tsikulo. Injiniya anadziwa zimenezi bwinobwino. Anaona nkhope ya mkazi wake, anaona mapoto akupakiridwa. Koma anaonanso kamzere kobiriwira kaja kakudikira, ntchito ya manja ake, yoyamba yeniyeni m'moyo wake, itaima pakhomo penipeni chifukwa chosowa poika phazi. Zinamuwawa ngati nyimbo yodulidwa pakati.

"A Tcheya," anatero, "disiki ija munawasungira mayiwa kuopa kuti ingagwe, apatseni."

Maso amene a Tcheya anamuyang'ana nawo akanatha kuwiritsa madzi. Komabe anatsegula zipi pang'onopang'ono, naitulutsa ili yofunda ndi yonyowa thukuta, nanena kuti pakampani pawo amaphunzitsidwa kusamala katundu wa makasitomala. Mayiyo anathokoza, naipukuta ndi kansalu, nayang'ana nambala yake pa pepala, nailumikiza. Kamzere kena kanayamba kukwawa kuchokera kumanzere kupita kumanja. Anati zitenga mphindi makumi anayi, ndipo alendo ake sangachoke osamwa tiyi.

Mayiyo ali ku ketulo, a Tcheya anamukokera Injiniya pakona. Atamva kuti anaba disiki yolakwika, anamulamula kuti afufute yeniyeniyo pompano, adine chilichonse chimene chimapha zinthu. Injiniya anawalozera kabokosi ka nyali yachikasu kaja. Anati kameneko ndi mlonda wa njira imodzi: zinthu zimatuluka m'disikimo, koma palibe cholowa, ngakhale lamulo lofufuta. Mutha kudina mpaka chala kutupa. Analankhula moyamikira, ngati akunena za mwana wa mnzake wokhoza bwino kusukulu.

A Tcheya anaganiza mofulumira, monga mwa nthawi zonse, ndipo monga mwa nthawi zonse anatulukira potulukira pawo. Anati palibe vuto. Zithunzizo zikusamuka kuchoka m'disiki yakale kulowa m'yatsopano, ngati madzi kuchoka mu ndowa ina kulowa mu ina. Ndiye angodikira kuti zonse zilowe mu yonyezimirayo, aitengenso, yakaleyo itsale yopanda kanthu. Anadzimenya pachifuwa kuti pulani yachiwiriyi yaposa yoyamba.

Injiniya anayamba kuwauza kuti kukopera sikutero, koma tiyi anafika, pamodzi ndi mabisiketi a kirimu pa mbale. Mayiyo anamukokera mpando, mpando weniweni wa matayala, n'kumufunsa kuti zimenezi anaziphunzira kuti. Palibe munthu anali atamufunsapo funso limenelo. Anayamba ndi sukulu ija, napitirira ku khonde la mafoni, nafotokoza za foni ina yomwe inagwera mu mafuta ophikira iye n'kuidzutsa. Mayiyo ankamvetsera, nthawi zina n'kuyang'ana foni yake. Anamuuza kuti ali ndi mutu wabwino, ndipo anthu ambiri a mapepala awo sakanaganiza zotsegula buku la madandaulo lija. Injiniya anadya mabisiketi asanu ndi imodzi osawamva kukoma, chifukwa mawuwo anali okoma kuposa. A Tcheya nawo anali atavula nsapato imodzi, akupemerera tiyi, akuwerengera chamumtima kamzere kaja ngati msodzi woona nsomba ikuyandikira mbedza. Akuluakulu anati mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi, koma mbuzi ziwirizi zinali zitapempha kale kapu yachiwiri.

Kompyuta inalira kamodzi. Pa sikilini panatuluka nambala ziwiri zazitalizitali, zosakanikirana ndi zilembo, ina pamwamba pa inzake. Mayiyo anafotokozera a Tcheya kuti nambala iliyonse ili ngati chidindo cha chala: ina ndi ya disiki yeniyeni, ina ndi ya kope, ndipo zikafanana ndiye kuti palibe kadontho kamene kasintha. Injiniya anaziwerenga yekha mokweza, chilembo ndi chilembo, mpaka kumapeto. Zinafanana. Anapukuta m'maso ndi mkono wa ovolosi.

Mayiyo anati angotsegula kamodzi kuti aone ngati zithunzi zikuoneka.

Sikilini yapakati inadzaza ndi sitolo ya zamagetsi, masana, kowala bwino. Amuna awiri a maovolosi abuluu anali atanyamula filiji ya zitseko ziwiri. Wachitatu, wamfupi, kolala ya jekete ikusuzumira pakhosi, ankayenda patsogolo akulozaloza njira osanyamula kanthu. Atafika pansi pa kamera, mmodzi wa onyamulawo anaima, nakweza nkhope, nayang'ana m'kameramo mwachidwi, milomo ikuyenda powerenga dzina la mtundu wake. Nkhopeyo inadzaza sikilini yonse. Mayiyo anaimitsa chithunzicho pomwepo.

Anayang'ana sikilini. Anayang'ana Injiniya. Anayang'ana maovolosi.

A Tcheya anameza bisiketi yomwe inali itaima pakhosi. "Anthu amafanana, mayi," anatero. "Dziko ndi lalikulu."

Anadumpha ndi nsapato imodzi, nathamangira kuchitseko, nakoka chogwirira. Chinakana. Anakankha. Chinakana. Anathamangira pawindo, nayang'ana pansi pomwe panayenera kukhala galimoto, napeza pali mayi wogulitsa maambulera. Anabwerera kuchitseko, ndipo ulendo uno chinalira n'kutseguka chokha, iwo n'kugwera m'manja mwa wapolisi.

Apolisi anali awiri, ndipo pakati pawo panali Chitseko, maso ofiira. Nkhani yake inamveka pambuyo pake. Anayenda ndi galimoto mpaka kumapeto kwa msewu, mtima ukumuwawa, kenako anaona kuti pali mawu ena amene sanawanene. Patapita nthawi anabwerera, naimika galimoto kuseri kwa nyumbayo. Pamasitepe anakumana ndi bambo wamtali wovala malaya wamba akukwera, namufunsa ngati ndiye dalaivala watsopano uja. Bamboyo, amene anali wapolisi wofufuza milandu, anayankha kuti mwina. Chitseko anamupatsa makiyi, namuchenjeza kuti giya yachiwiri imavuta, kuti a Tcheya sathokoza, ndiponso kuti akamutuma kukasuntha filiji ija ili kuchipinda kwa mchemwali wake, asanyamule yekha chifukwa imathyola msana.

Akuwamanga maunyolo, Injiniya anamufunsa mayiyo kuti anadziwa liti. Mayiyo anali akuvala nsapato. Anati patangopita mphindi khumi iwo atafika, katswiri weniweni wa kukampani anatumiza uthenga wopepesa kuti abwera mawa. Injiniya anafunsa kuti nanga bwanji sanakuwe nthawi yomweyo.

"Makina anga anali atafa kuyambira Lolemba, bambo," anatero mayiyo. "Inu munkaoneka kuti mukudziwa chimene mukuchita."

Wapolisi anadabwa kuona munthu akutsika masitepe ndi maunyolo akumwetulira chotero.

Mlandu unalowa patapita milungu itatu. Mkazi wa Injiniya anakhala pa benchi yakumbuyo, manja atapinda, nkhope ngati mwala. Loya amene anapatsidwa kuti awaimire anali bambo wochenjera wa mawu ofewa, ndipo anapeza kabowo kamodzi kokha kotulukira. Anawasonkhanitsa atatuwo m'kachipinda n'kuwauza kuti atseke pakamwa, iye ndiye ayankhule. Mfundo yake inali yakuti kopelo silingadaliridwe, chifukwa linapangidwa pa makina amene anali atangowonongeka, okonzedwa mwachisawawa ndi munthu wosaphunzira, wopanda pepala lililonse, wokonza mafoni pa khonde. Woweruza akangokayikira kopelo, mlandu wa filiji ukhoza kugwedezeka. A Tcheya anati imeneyo ndiyo inali pulani yawo yachitatu kuyambira kale.

M'khothi loyayo anaimirira nayamba bwino kwambiri. Ananena kuti makina a umboni si wailesi ya m'nyumba yoti aliyense azitokosa. Ananena kuti munthu amene anatsogolera kukonzako sadziwa kusiyana kwa kompyuta ndi chitofu. Ananena kuti mwina anangolota manambala, mwina anawononga zinthu mkatimo osadziwa, ndipo ntchito ya mbuli yotere khothi lolemekezeka siliyenera kuiyang'ana kawiri. Woweruza anayamba kugwedeza mutu pang'onopang'ono, cholembera chikuyenda. A Tcheya anamugunda Chitseko ndi chigongono mokondwa.

Injiniya anapirira mawu oti wosaphunzira. Anapirira chitofu. Pa mawu oti mbuli, anapezeka ataimirira.

Loya anamukoka malaya. A Tcheya anamuponda phazi. Kumbuyo, mkazi wake anaphimba nkhope ndi manja onse awiri.

"Pepani, bwana woweruza," anatero Injiniya mwaulemu wonse. "Kope limenelo lilibe vuto ngakhale pang'ono. Dalaivala wakale tinamuchotsa mwadongosolo, kabokosi kotchinga kanali koyaka nthawi yonse, ndipo manambala anafanana, ndinawerenga ndekha mpaka kumapeto. Zithunzizo n'zenizeni. Amene mukumuona akuyang'ana kamerayo ndine, ndipo amene anakonza makinawo ndinenso. Ndikupempha kuti zimenezi zilembedwe."

Woweruza anamuyang'ana pamwamba pa magalasi. Kenako anatembenukira kwa kalaliki namuuza kuti alembe, mawu onse, monga momwe katswiriyu wanenera.